Kusankha ndi Kusankhana ku Mhangura

Kumpoto kwa Chinhoyi, m'boma la Makonde m'chigawo cha Mashonaland West, kuli katawuni kotchedwa Mhangura. Kanabadwa ndi mkuwa. Kampani ya Messina ya ku South Africa inakumba mgodi kumeneko chakumapeto kwa zaka za m'ma 1950, malowo akulembedwabe kuti Mangula, ndipo mgodiwo unadyetsa anthu mpaka pamene unatsekedwa m'chaka cha 2000. Mozungulira monse munali mafamu akuluakulu a azungu olima fodya, chimanga ndi tirigu. Ambiri mwa amuna amene ankatsikira pansi m'migodi ya Miriam ndi Norah, komanso mabanja amene ankathyola fodya m'mafamumo, anali ochokera ku Nyasaland, ku Northern Rhodesia ndi ku Mozambique. Zidzukulu zawo zikadalipo. N'chifukwa chake Chichewa chimamvekabe m'makomboni a kumeneko, ndipo pa maliro ena gule amatuluka.

Dera lotere linkayenda ndi ntchito imodzi imene sitiiganizira kawirikawiri, ntchito yoika zinthu m'magulu. Mwala unkasankhidwa, tsamba la fodya linkasankhidwa, nthaka inapatsidwa manambala, ndipo munthu aliyense anali ndi gulu lake lolembedwa papepala. Kusankha pakokha si tchimo. Mayi amene sasiyanitsa bowa wodyedwa ndi bowa wakupha amamaliza banja lake tsiku limodzi. Chofunika kufunsa n'chakuti malire olekanitsa gulu ili ndi ilo amachokera kuti. Kodi analipo kale m'chilengedwe, kapena anawadula ndi munthu wokhala ndi cholinga chake? Nanga amene waponyedwa m'gulu lolakwika akadandaule kwa yani?

Tiyambe ndi mwala. Mkuwa ndi umodzi mwa maelementi, ndipo pa tebulo la maelementi limene Dmitri Mendeleev anayala maziko ake mu 1869, lero uli pa nambala 29, chifukwa atomu yake iliyonse ili ndi mapulotoni 29. Palibe boma kapena kampani imene ingausunthe pamenepo. Mendeleev anasiya mipata m'tebulo lake nanena kuti eni mipatayo adzapezeka, ndipo mu 1875 gallium inapezekadi ili ndi makhalidwe oyandikana kwambiri ndi amene iye ananeneratu. Kusankha kolondola kwa sayansi kumadziwika motero, kumakuuza ngakhale zimene sunazionepo. Amisiri akale a ku Hurungwe, boma loyandikana ndi Makonde, amene ankasungunula mkuwa n'kuuumba ngati mtanda zaka pafupifupi 500 zapitazo, nambala 29 sankaidziwa, koma chimene ankachizindikira pa moto wa ng'anjo ndi chomwecho chimene wasayansi amachizindikira lero.

Koma pa mgodi pali kusankha kwina, ndipo ndiko kumene kumadyetsa kapena kugoneka anthu ndi njala. Munthu wotenga masampulo amasema tizidutswa ta mwala kukhoma la pansi, kutithira m'kathumba, kulemba nambala, n'kutumiza ku labotale. Kumeneko amayeza kuti m'tani imodzi muli mkuwa wochuluka bwanji. Ukapitirira mlingo umene kampani yaika, mwalawo ndi chuma ndipo upita kuchigayo. Ukaperewera, ndi zinyalala, upita kumulu. Mlingowo suchokera m'mwala ayi. Umachokera ku mtengo wa mkuwa pa msika wa ku London, ku mtengo wa magetsi, ndi ku kuya kwa mgodi. Mtengo ukagwa, mwala umene dzulo unali chuma lero ndi zinyalala, chikhalirecho sunasinthe kanthu. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1990 mtengo wa mkuwa unatsika kwambiri, miyala yonona inali itachepa, ndipo bungwe la boma la ZMDC, limene linali litatenga mgodiwo kwa a Messina, linalephera kuupitiriza. Pansi pa Mhangura mkuwa sunathe psiti. Chimene chinatha ndi mkuwa wopindulitsa pa mtengo wa nthawiyo.

Apa taona mitundu iwiri ya magulu. Ena chilengedwe chimawagwirizira chokha. Ena amawadula ndi mwini ntchito malinga ndi zimene akufuna, ndipo amasuntha zofuna zake zikasintha. Onse ali ndi ntchito. Ngozi imabwera pamene gulu la mtundu wachiwiri likulalikidwa ngati la mtundu woyamba.

M'shedi yosankhira fodya zinkaoneka bwino. Amayi amakhala pamzere kutsogolo kwa tebulo lalitali, fodya atayamba wafewetsedwa ndi nthunzi kuti asathetheke m'manja. Mayi amatenga tsamba, kulitambasula, kulipendeka poyera. Lachokera kutsinde, pakati kapena kunsonga? Mtundu wake ukupita ku mandimu, ku lalanje, kapena wadera? Lili ndi mawanga, lang'ambika, lapserera m'balani? Asanaphethire kawiri waliponya kale pa mulu wake. Akatero amamanga timitolo, amuna n'kudinda mabelo pa jeke, ulendo wa ku okushoni ku Harare, kumene belo losakaniza magiredi limabwezedwa kapena kugulidwa motchipa. Komatu pa mtengo wa fodya palibe pamene analemba kuti mandimu athera apa, lalanje layambira apa. Mtundu umasintha pang'onopang'ono kuchokera pansi kukafika pamwamba, ndipo malire anaikidwa ndi ogula pofuna kusakaniza ndudu zokoma mofanana chaka ndi chaka. Chimene chimandiwawa n'chakuti mayi wa diso lakuthwa chotere, amene mtengo wa belo unkadalira chala chake, m'buku la malipiro nthawi zambiri ankalembedwa ngati waganyu wa nyengo, m'gulu la anthu opanda luso.

Sayansi ya zamoyo ili pakatikati. Carl Linnaeus wa ku Sweden, m'buku lake la zomera la 1753, anakhazikitsa mwambo wopatsa chomera chilichonse mayina awiri, ndipo chimanga ndi fodya za m'mafamu a ku Makonde zikudziwikabe ndi mayina amene iye anapereka, Zea mays ndi Nicotiana tabacum. Koma mayina ambiri asinthidwa umboni watsopano utapezeka. Mtengo wa msangu, umene alimi amaukonda chifukwa umayoyola masamba m'dzinja n'kunenepetsa nthaka, kale unkawerengedwa m'gulu la Acacia, pano uli m'gulu lakelake la Faidherbia. Nthawi zinanso asayansi amagonjera eni dera. Asodzi a ku Nyanja ya Malawi anasiyanitsa mbuna ndi utaka kalekale, ndipo ofufuza nsomba anangotengera mayinawo m'mabuku awo. Mphamvu ya sayansi ili pomwepa: gulu limakhalapo malinga ngati umboni ukuliikira kumbuyo, ndipo aliyense wobwera ndi umboni woposa angathe kuligwetsa.

Linnaeus yemweyo anagawanso anthu m'magulu anayi potsata makontinenti ndi khungu, ndipo m'buku lake la 1758 anapatsa gulu lililonse khalidwe lake, la ku Africa nalipatsa makhalidwe onyozeka. Apa analakwa, ndipo sayansi yomwe inadzamutsutsa. Mu 1972 Richard Lewontin anaonetsa kuti pafupifupi 85 peresenti ya kusiyana kwa majini a anthu kumapezeka mkati mwa gulu limodzi lomwelo, osati pakati pa mitundu. Tsoka lake, pamene asayansi ankakonza cholakwacho, maboma anali atachilemba kale m'malamulo, ndipo lamulo silifufutika msanga ngati tsamba la buku la sayansi.

Nthaka ya Southern Rhodesia inagawidwa kawiri. Mu 1930 lamulo la Land Apportionment Act linapatsa azungu, amene anali pafupifupi 50,000, theka la dziko lonse, pamene anthu akuda oposa miliyoni imodzi anapatsidwa gawo losakwana limodzi mwa magawo atatu. Patapita zaka 30, akatswiri a zaulimi Vincent ndi Thomas anagawa dzikolo m'zigawo zisanu zachilengedwe potsata mvula ndi nthaka. Chigawo chachiwiri, mmene muli Mhangura, chimalandira mvula ya mamilimita 750 mpaka 1,000 pa chaka, ndipo ndiye nkhokwe ya chimanga ndi fodya. Chachinayi ndi chachisanu n'zouma, zoyenera ziweto. Mapu a akatswiriwo anali oona ndipo anathandiza alimi kwa zaka zambiri, mpaka boma linawakonzanso mu 2020 poona kuti mvula yasintha. Koma mukawasanjika pamwamba pa mapu a 1930, mumaona poyera kuti nthaka yabwino yambiri inagwera mbali ya azungu, ndipo anthu akuda ochuluka anakankhidwira kouma. Mapu amodzi ankayeza mvula, enawo ankayeza khungu.

Mafamu ndi migodi zinafuna manja, ndipo Ashona amene anali ndi kamunda kwawo sankakhalitsa pa ntchito ya malipiro ochepa. Choncho olemba ntchito anayang'ana kumpoto. Bungwe la Rhodesian Native Labour Bureau, limene linayamba mu 1903, anthu analitcha chibalo. Pambuyo pake kunabwera malole a Ulere onyamula anthu mwaulere, ndi bungwe limene kwathu ku Malawi linkadziwika kuti Mthandizi. Msonkho wa nyumba ndi thangata zinkakankha anyamata kumbuyo, ndipo m'zaka za m'ma 1950 oposa theka la antchito a m'mafamu a dzikolo anali ochokera kunja. Aliyense ankayenda ndi chitupa chonena dzina lake, kwawo, ndi bwana amene akumugwirira ntchito. Boma linkasiyanitsa munthu wakuda wa m'dzikolo ndi munthu wakuda wobwera. Lamulo la ntchito la 1934 pofotokoza kuti wantchito ndani linasiya kunja anthu akuda onse, moti munthu wogwira jekihama tsiku lonse pansi pa nthaka sanali wantchito pamaso pa lamulolo. Litakonzedwa mu 1959, antchito a m'mafamu ndi a m'nyumba anatsalabe kunja, pansi pa lamulo lakale la mabwana ndi antchito awo la 1901. Blair Rutherford, amene anafufuza moyo wa m'mafamu a ku Hurungwe m'zaka za m'ma 1990, anapeza kuti ngakhale ufulu utabwera, mwini famu ndiye anali boma la komboni: nyumba, chakudya, ngongole ndi milandu zonse zinkathera kwa iye.

Onani mmene malire a mtundu umenewu amasunthira. Kuyambira 1953 mpaka 1963, pa nthawi ya chitaganya, munthu wa ku Dedza wogwira ntchito ku Mangula anali mkati mwa dziko limodzi. Chitaganya chitatha, anasanduka wakunja ali pa bedi lomwelo, m'komboni yomweyo.

Anthu wamba nawonso anali ndi kasankhidwe kawo. Obwera ankaitanidwa Manyasarandi, Mabhurandaya kapena Mabwidi, ndipo m'thumba limodzi ankaponyamo Mchewa, Myao, Mtonga, Msena ndi Mnsenga. Pa Chishona munthu amadziwika ndi mutupo wake, monga Soko, Moyo kapena Shumba, ndi mudzi wa makolo kumene adzaikidwe. M'chaka cha 2000 Robert Mugabe ananyoza anthu a ku Mbare mu Harare, amene ankakayikiridwa kuti akutsata chipani chotsutsa, kuti ndi anthu opanda mutupo. Mawuwo anabaya kwambiri ana a matchona. Komatu Aphiri, Abanda, Amwale ndi Ankhoma ali ndi mifunda yawo, ndipo amadziwa bwino amene sangakwatirane naye. Chimene chinalipo n'chakuti wofunsayo ankafuna yankho la m'kaundula wake, ndipo yankho lochokera m'kaundula wina ankaliyesa kusowa yankho.

Pali mfundo ina imene imavuta kuposa kunyozana. Kwa Ashona mwana ndi wa kwa bambo. Kwa Achewa ndi Ayao mwana ndi wa kwa mayi, mwini mbumba ndi malume. Mwamuna wa Chichewa akakwatira mkazi wa Chishona, monga zinachitikira kambirimbiri m'makomboni, akuchikazi amati mwanayu kwawo ndi ku Malawi, kwa bambo ake. Akafika ku Malawi, abale a bambo amamulandira bwino, koma pa nkhani ya munda amamukumbutsa kuti kwawo ndi kwa mayi ake. Miyambo iwiri yonseyi ndi yanzeru, ndipo uliwonse pawokha sutaya mwana. Koma ikakumana motere, mwana amagwera pakati. Zikatembenuka, bambo Mshona mayi Mchewa, mwana amakhala ndi kwawo kuwiri. Palibe amene anakonza dala zimenezi, koma boma lanzeru likanaona mpatawo n'kuutseka. M'malo mwake linaukulitsa.

Chitupa cha Zimbabwe, chachitsulo chija chimene akuluakulu ambiri akusungabe, chimanyamula nkhani yonseyi pa kachidutswa kokwana m'chikhatho. Pali chithunzi, dzina, ndi nambala imene manambala ake awiri omaliza amaloza boma limene makolo anachokera. Mlembi amafunsa mudzi ndi mfumu. Ndiye pali malo a unzika, pamene ena analembedwa CIT, ena ALIEN. Munthu wobadwira pa famu ya ku Doma, amene mfumu yake inali foromani, ayankha chiyani? Zimbabwe inaletsa unzika wa mayiko awiri m'zaka za 1983 ndi 1984. Mu 2001 lamulo linakhwimitsidwa: aliyense woganiziridwa kuti ali ndi unzika wina anapatsidwa miyezi isanu ndi umodzi kuti akaukane motsata malamulo a dziko linalo, apo ayi ataya wa Zimbabwe. Ofesi ya mlembi wamkulu, Tobaiwa Mudede, inamasulira lamulolo mokhudza ngakhale amene sanatengepo chiphaso cha dziko lina. Mdzukulu wa tchona, amene sanapondepo pa Mwanza, anayenera kupita ku ofesi ya kazembe wa Malawi ku Harare kukakana chinthu chimene sanakhale nachopo. Malawi nayenso pa nthawiyo sankalola munthu wamkulu kukhala nzika ya mayiko awiri, mpaka lamulo linasinthidwa mu 2018. Ambiri anachotsedwa m'kaundula wa ovota chisankho cha 2002 chisanachitike. Kusintha kwa mu 2003 kunafewetsako zinthu kwa ana a antchito ochokera m'mayiko a SADC, koma uthengawo sunafike m'makomboni ambiri.

Zonsezi zinagwa nthawi imodzi ndi kutsekedwa kwa mgodi komanso kulandidwa kwa mafamu kumene kunayamba mu 2000. Kubweza nthaka kwa anthu akuda inali nkhani yachilungamo, poti lamulo la 1930 linali kuba. Koma kugawako kunabwera ndi magulu ake atsopano, minda yaing'ono ya A1 ndi minda ikuluikulu ya A2, ndipo pofunsira pankafunika chitupa cha nzika ndi munthu wokuikira umboni kwa mfumu kapena ku chipani. Antchito a m'mafamu, amene analipo oposa 300,000, ankaonedwa ngati anthu a mzungu, ndipo amene analandira minda anali ochepa zedi. Anthu amene ankadziwa munda uliwonse wa ku Makonde, pamene pamadikha madzi ndi pamene pamabereka, anatsala m'komboni kumapempha ganyu kwa eni atsopano, ena n'kulowa m'maenje a golide.

Malamulo aakulu a dziko a 2013 anakonza zambiri. Gawo 43 likuti munthu wobadwira mu Zimbabwe malamulowo asanayambe kugwira ntchito, amene kholo lake limodzi kapena onse anali nzika za dziko la mu SADC, ndipo iye ankakhala mu Zimbabwe, ndi nzika mwa kubadwa. Gawo 6 likutchula zilankhulo 16 zovomerezeka, ndipo Chichewa chilipo, poyambirira penipeni pa mndandandawo. Mndandanda womwewo ukuonetsanso kuti magulu a zilankhulo nawo amadulidwa ndi anthu. Mu 1931 Clement Doke anamanga Chizezuru, Chikaranga, Chimanyika, Chikorekore ndi Chindau pamodzi pansi pa dzina la Chishona, koma mu 2013 Chindau chinaima pachokha. Kwathu, msonkhano wa chipani cha Malawi Congress wa 1968 unasintha Chinyanja kukhala Chichewa, pamene ku Zambia ndi ku Mozambique dzina lakale likugwirabe ntchito. Ngakhale UNESCO, polemekeza Gule Wamkulu mu 2005, inamulemba pansi pa Malawi, Mozambique ndi Zambia. Madambwe a m'migodi ndi m'mafamu a Zimbabwe, amene asunga mwambowu kwa mibadwo itatu kapena inayi, sali pa pepalalo.

Komabe lamulo kulembedwa ndi kwina, chitupa kusinthidwa ndi kwina. Kuti munthu achotse mawu aja pa chitupa chake amafunika kalata ya kubadwa. Ambiri anabadwira m'komboni m'manja mwa azamba, popanda wolemba. Mayi wopanda chitupa amavutika kulembetsa mwana wake, mwanayo akakula amavutika kulemba mayeso a boma, kutsegula akaunti ku banki, ngakhale kulembetsa nambala ya foni, ndipo naye akabereka vutolo limatsikira kwa mdzukulu. Lipoti la Amnesty International la 2021 linatchula chiwerengero cha bungwe la UNHCR chakuti anthu pafupifupi 300,000 mu Zimbabwe ali pa chiopsezo chokhala opanda dziko, ndipo ambiri mwa iwo ndi zidzukulu za antchito obwera. Mwala wa ku Miriam ukayezedwa molakwika unkayezedwanso. Belo lobwezedwa ku okushoni linkamasulidwa n'kusankhidwanso. Munthu yekha ndiye amene gulu lake linkalembedwa kamodzi n'kusiyira ana ngati chuma chamasiye.

Tisaloze chala ku Zimbabwe kokha. Kwathu Alomwe anatchedwa Anguru kwa zaka zambiri mpaka Lewis Bandawe ndi anzake analimbana nalo dzinalo m'zaka za m'ma 1940. Ana ankasankhidwa kupita ku yunivesite potsata boma lochokera. Ku Dzaleka, kampu imene inatsegulidwa mu 1994, kuli achinyamata obadwira konko, olankhula Chichewa cha ku Dowa, amene timangowatcha Maburundi posafunsa n'komwe kumene makolo awo anachokera. Ndipo mdzukulu wa ku Mhangura akabwera kudzafuna mudzi wa agogo ake, ena mwa ife timamuona ngati wodzalanda munda.

Ine ndikuona kuti gulu lililonse limene boma laika pa munthu liyenera kuyankha mafunso amene sayansi imafunsa magulu ake: likuyeza chiyani, lathandiza ndani, ndipo umboni ukalitsutsa lichotsedwa bwanji. Mawu akuti ALIEN pa chitupa cha munthu wobadwira ku Mhangura sayeza kanthu kena koma ulendo umene agogo ake anayenda pa lole ya Ulere, ndipo malamulo a 2013 anawathetsa kale mphamvu. Chatsala ndi ntchito ya miyendo. Ofesi yolembetsa anthu ipite m'makomboni a ku Makonde ndi Hurungwe kawirikawiri, osati chisankho chikayandikira pokha, ndipo ilandire umboni wa azamba, wa mipingo, wa mizikiti ndi wa makadi akale a ku mgodi. Ofesi ya kazembe wa Malawi ku Harare ithandize ndi makalata amene akufunika, pa mtengo umene munthu waganyu angakwanitse. Ndipo inu amene muli ndi m'bale ku Mhangura, ku migodi ya Alaska ndi Shackleton kapena pa famu iliyonse, mukamuimbira foni mufunseni zimene zalembedwa pa chitupa chake, mumuuze za gawo 43, ndipo ngati n'kotheka mumutumizire ya basi yopitira ku Chinhoyi.